Kuyenda Molawa Zakudya m'Dera la Maganga ku Salima

Ulendo wolawa zakudya ndi umodzi mwa mitundu ya ntchito zokopa alendo. Pa ulendo wotere kagulu ka anthu ochepa kamayenda wapansi motsogozedwa ndi munthu wodziwa bwino malowo, n'kumaima apa ndi apo kuti kalawe zimene eni dera amadya ndi kumwa. Nthawi zambiri ulendowu umatha maola atatu kapena anayi. Paliponse pamene aima, alendo amapatsidwa chakudya chochepa, chongokwanira kuti amve kakomedwe kake, chifukwa munthu amene wakhuta pamalo oyamba sangalakalakenso kanthu akafika pamalo achisanu. Ntchito ya wotsogolera si kuloza njira kokha ayi. Iye amafotokoza kumene chakudyacho chachokera, amene wachikonza, chifukwa chake chimaphikidwa motero, komanso zimene chimaulula za mbiri ya anthu apamalopo.

M'mizinda ikuluikulu ya kunja maulendo otere ndi bizinesi yokhazikika. Ku San Sebastián, m'dziko la Spain, alendo amayenda m'timisewu ta pakati pa mzinda, kulowa bala iyi ndi iyo n'kumalawa tizakudya tating'onoting'ono totchedwa pintxos. Ku New Orleans, ku America, kuli maulendo a madzulo ozungulira mabala akale a ku French Quarter, kumene anthu amalawa zakumwa zosakaniza, zija m'mahotela amati cocktail, monga Sazerac imene mzindawo umainyadira. Kuno ku Africa, otsogolera alendo a ku Zanzibar amapita nawo ku Forodhani, bwalo la m'mbali mwa nyanja ku Stone Town limene kukada limasanduka msika wa nsomba zootcha ndi madzi a nzimbe. A ku Cape Town amakwera nawo ku Bo-Kaap kukalawa zophika za anthu amene ambiri mwa makolo awo anafika kumeneko ali akapolo. Nkhaniyi yakula moti mu Julaye 2024 nthambi ya United Nations yoona zokopa alendo inachititsa msonkhano ku Victoria Falls, m'dziko la Zimbabwe, woyamba wa mtundu wake mu Africa, wokambirana za chakudya ngati njira yokopera alendo.

Mizinda ya ku Malawi sinamangidwe moyenerera ulendo wotere. Lilongwe ndi wotambalala, madera ake ndi otalikirana, ndipo pakati pa mzinda pamachita zii anthu akangoweruka kuntchito. Kumene chakudya, ophika ake ndi alendo amapezeka pamodzi pa mtunda woyendeka ndi miyendo ndi kunyanja. Chitsanzo chooneka bwino ndi Senga Bay, m'dera la Mfumu Maganga, m'boma la Salima.

Malo ake

Senga Bay ili pa mtunda wa makilomita pafupifupi 20 kum'mawa kwa tauni ya Salima. Kuchokera ku Lilongwe ndi ulendo wa maola awiri kapena kucheperapo pa msewu wa M14, ndipo ili ndilo gombe la Nyanja ya Malawi limene anthu a ku likulu amafikako msanga. Alendo anayamba kubwera kuno kalekale. Njanji inafika ku Salima mu 1935, ndipo hotela ya Sunbird Livingstonia Beach, imene kale inkatchedwa Grand Beach Hotel, ndi imodzi mwa mahotela akale kwambiri m'mbali mwa nyanjayi. Likulu la dziko litasamukira ku Lilongwe mu 1975, Senga Bay inakhala kopumulira anthu a m'tauni komanso kochitira misonkhano ya maunduna ndi mabungwe. Zoimbaimba nazo zinatsatira: Sand Music Festival, imene anayambitsa malemu Lucius Banda, yachitikira pa mchenga wa kuno kangapo.

Koma pakati pa mipanda ya mahotela ndi malo ogona alendo pali midzi ya asodzi, ndipo moyo weniweni wa gombeli uli m'midzimo. Mumakhala Achewa, Ayao, komanso Atonga ndi Atumbuka amene anabwera kuchokera kumpoto potsatira nsomba n'kukhazikika. Mizikiti ndi matchalitchi zili moyandikana. Kusakanikirana kumeneku kumaonekera m'mbale: wina nsima yake ndi ya mgaiwa, wina ndi kondowole, wina mpunga ndiye chakudya chake chapamtima.

N'zomvetsa chisoni kuti ambiri obwera ku misonkhano amatha masiku awo onse m'kati mwa mpanda, kudya mpunga wa nkhuku womwe uja amadya ku Lilongwe, n'kubwerera osaona dooko limene lili pafupi ndi chipata. Amene amatuluka nthawi zambiri amatulutsidwa ndi anyamata a m'deramo otsogolera alendo. Anyamatawa amakonza maulendo a pa boti opita ku chilumba cha Namalenje, chodziwika ndi ang'azi ndi mbalame za m'madzi, ena okwera mapiri a Senga, ndi ena oyenda m'mudzi kudutsa kumsika ndi kudooko. Ulendo wa m'mudziwu ndiwo uli kale ndi zonse zofunika pa ulendo wolawa zakudya.

Dooko m'mamawa

Kusiyana kwakukulu pakati pa ulendo wa ku New Orleans ndi wa kwa Maganga n'kwakuti kunja kuja wotsogolera amadziwiratu zimene alendo akapeze pa bala iliyonse, chaka chonse. Kuno wolamula ndi nyanja. Nthawi yonyamukira, njira yodzera ndi zimene zilawidwe zimadalira mwezi, mphepo ndi nyengo.

Ulendo wabwino umayamba kum'bandakucha pa dooko, monga la Nguwo, pamene maboti akubwerako. Nsomba imene imagwidwa yochuluka kuposa zonse pa Nyanja ya Malawi masiku ano ndi usipa, ndipo umaphedwa usiku. Madzulo asodzi amanyamuka pa boti ya injini atakweza kapena kukoka mabwato. Akafika pakati pa nyanja, munthu mmodzi wotchedwa siginala amatsala m'bwato lokhala ndi nyali zowala kwambiri. Kale nyalizi zinali za parafini, koma tsopano ambiri akugwiritsa ntchito mababu oyendera batire. Usipa umasonkhana potsata kuwalako. Siginala akaona kuti wachuluka amaitana anzake, otchedwa alovi, ndipo iwo amazinga malowo ndi ukonde wa chilimira n'kuukoka. Siginala wodziwa ntchito amalimbiranidwa ndi eni maboti, pakuti diso lake ndilo limapangitsa kuti boti ibwerere yodzaza kapena yopanda kanthu. Munthu woima pagombe usiku wa mdima amaona nyali zimenezi zitandandalika kutali ngati mudzi woyandama pamadzi.

Apa m'pamene mwezi umalowerera. Ukakhala wathunthu, kuwala kwake kumamwaza usipa ndipo nyali sizikopanso kanthu. Masiku amenewo asodzi ambiri amakhala kumtunda, kusoka maukonde ndi kumata mabwato. Mphepo nayo ili ndi mphamvu yake. Mwera, umene umaomba kuchokera kummwera makamaka pakati pa Meyi ndi Ogasiti, umautsa mafunde oti boti yaing'ono singalimbane nawo, ndipo waphetsa asodzi ambiri amene anaunyozera. Mlendo wofika m'mawa wotsatira usiku wa mwera angapeze dooko lili mbee. Wotsogolera wodziwa ntchito amayang'ana kumwamba dzulo lake n'kumuuziratu mlendo chilungamo, m'malo momudzutsa usiku kukamuonetsa mchenga.

Tsiku limene nsomba zaphedwa, dooko limadzaza dzuwa lisanatuluke. Boti ikangogunda mchenga, ogula amaizungulira, ena madzi ali m'mawondo. Usipa umagulitsidwa pa ndowa kapena pa beseni, ndipo mtengo umasintha ola ndi ola malinga ndi kuchuluka kwa maboti amene afika ndi katundu. Ogula ambiri ndi amayi ochita geni, ena a m'midzi yomweyo, ena ochokera ku Lilongwe ndi maboma ena akumtunda. Pambali pamakhala onyamula, ogulitsa tiyi ndi mandasi, okonza injini, ndi ana ofuna kutola tinsomba takugwa.

Mlendo amaphunzira pamenepa kuti nsomba si chambo chokha. Nyanja ya Malawi ili ndi mitundu ya nsomba yochuluka kuposa nyanja ina iliyonse ya madzi opanda mchere pa dziko lapansi, ndipo msodzi wamba amatchula mayina ambirimbiri osaganizira n'komwe. Pali utaka, umene umayenda m'magulu pafupi ndi miyala ya pansi pa madzi. Pali ndunduma ya m'madzi akuya, kambuzi wamng'ono wa m'mbali, ndi mcheni wautali wa mano akuthwa umene umakoma ukawambidwa. Batala ndi wamafuta, ndipo ambiri odziwa nsomba amamuika patsogolo pa chambo akaotchedwa pamakala. Kampango alibe mamba, mnofu wake ndi wochindikala ndipo minga zake n'zochepa, motero mlendo wosazolowera kutola minga amayambira pa iyeyu. Bombe ndi mlamba ndi abale ake. Mpasa, imene imakwera mitsinje monga Linthipe ndi Bua kukaswana, tsopano ndi yosowa. Mbuna, tinsomba tamawangamawanga ta m'miyala, timadziwika kwambiri kunja kusiyana ndi m'mapoto: ku Kambiri Point, kummwera kwa gombeli, malemu Stuart Grant anakhazikitsa malo osungira nsomba zotere n'kumazitumiza zamoyo kwa oweta nsomba zokongoletsa m'nyumba ku Ulaya ndi kwina.

Pa thandala

Kuchokera padooko, ulendo umalowera kumathandala, kumene nsomba imasanduka ndiwo yoti ifike ku Mchinji kapena ku Ntchisi isanawonongeke. Thandala ndi tebulo lalitali la mitengo loyalidwa ukonde kapena bango, ndipo ntchito yapamenepa ambiri amene amaigwira ndi amayi.

Usipa umodzimodzi umatuluka ndi kakomedwe kosiyana malinga ndi mmene wakonzedwera, ndipo apa m'pamene pali phunziro lalikulu la ulendo wonse. Woyanika padzuwa uli wauwisi umauma n'kukhala ndi kakuwawira kochokera m'matumbo, n'chifukwa chake ophika ena amauchotsa mitu n'kuuviika m'madzi ofunda asanauphike. Wofutsa umayamba waviikidwa kanthawi kochepa m'madzi owira a mchere kenako n'kuyanikidwa. Umenewu suwawa, umaoneka bwino, ndipo mtengo wake umakhala wokwererapo. Wokazinga m'mafuta umadyeka pomwepo ndi kamchere ndi tsabola. Ung'onoung'ono wouma uja ndiwo bonya, ndiwo ya mabanja ambiri m'matauni ndalama zikavuta. Kuika mitundu inayi pa mbale imodzi kuti mlendo alawe motsatizana n'kosavuta ndiponso n'kotsika mtengo, koma mlendoyo amachoka atadziwa chinthu chimene hotela singamuphunzitse. Ndipo popeza usipa umadyedwa wathunthu, mutu ndi minga zomwe, umapatsa thupi michere yolimbitsa mafupa imene nsomba yaikulu yochotsedwa minga ili nayo yochepa.

Nsomba zazikulu monga mcheni, kampango ndi mlamba zimawambidwa pa utsi. Kuwamba kumadya nkhuni zambiri, ndipo mapiri ndi nkhalango zoyandikana ndi madooko zikulipira mtengo wake. Nyengo ya dzinja imabweretsa vuto lina: mvula ikagwa masiku otsatizana, usipa umaolera pathandala ndipo mpamba wa mayi umathera pomwepo. Pofuna kuchepetsa kuwonongekaku, m'madooko ena a ku Salima ndi ku Mangochi munamangidwa timashedi ta pulasitiki toumitsira nsomba ndi kutentha kwa dzuwa, totetezanso ku ntchentche ndi fumbi.

Wotsogolera woona mtima sabisa kuti padooko pali zowawa. Nsomba zikachepa, amayi ena amakakamizika kugonana ndi asodzi kuti apeze mwayi wogula, mchitidwe umene wathandiza kufalitsa HIV m'madera a kunyanja. Nkhani yotere siyenera kukambidwa moloza munthu chala, koma mlendo wongouzidwa zokoma zokhazokha wanamizidwa. Za zithunzi nazonso zimafuna ulemu. Mayi amene ali pathandala ali pantchito, ndipo kumujambula osapempha n'chipongwe.

Nkhani ya chambo

Pafupifupi mlendo aliyense amafika akufunsa chambo. Dzinali limaimira mitundu itatu ya nsomba zofanana zimene zimapezeka m'nyanja ino, mu Nyanja ya Malombe ndi kumtunda kwa mtsinje wa Shire. Kuchokera kumayambiriro kwa zaka za m'ma 1990 chiwerengero chake chatsika koopsa, makamaka chifukwa cha makoka a maso ang'onoang'ono amene amakokolola ana a nsomba ndi kuwononga malo oswanirana. Mu 2018 bungwe la IUCN, limene limalemba mndandanda wa zamoyo zimene zili pangozi, linaika mitundu itatu yonseyi m'gulu la zotsala pang'ono kutheratu.

Chambo chimaswana mwa njira yosavuta kuisokoneza. Nsomba yaimuna imakonza chisa pamchenga m'madzi osaya, ndipo yaikazi imasunga mazira ndi ana m'kamwa mpaka atakhwima. Kupha mayi mmodzi pa nthawi imeneyi n'kupha ana ake onse. N'chifukwa chake Dipatimenti ya Usodzi imatseka nyanja kwa ogwiritsa ntchito makoka kuyambira pa 1 Novembala chaka chilichonse, ndipo kupha kasawala, amene ndi chambo chaching'ono, n'koletsedwa. Makomiti a m'madooko, odziwika kuti ma BVC, ndi amene amathandiza boma kulondera malamulowa.

Boma la Salima lili ndi chitsanzo chimene dziko lonse limatchula. Pa chilumba cha Mbenji, m'dera la Mfumu Makanjira, mafumu akhala akutseka usodzi nyengo ya dzinja kuyambira zaka za m'ma 1950. Chilumbacho chimatsekedwa mu Disembala n'kutsegulidwa mu Epulo pa mwambo waukulu, ndipo mowa, chamba ndi juga n'zoletsedwa pamenepo. Utaka wa ku Mbenji umadziwika ndi kukula kwake.

Ulendo wolawa zakudya ungathandize chambo kapena kuchimaliza. Wotsogolera wogulira alendo kasawala chifukwa ndi wotchipa, kapena wolonjeza chambo m'nyengo yoletsedwa, akudula nthambi imene wakhalira. Wanzeru amagwiritsa ntchito njala ya mlendoyo kumudziwitsa batala, mcheni ndi utaka, n'kumufotokozera chifukwa chake chambo sichili pa mbale tsiku limenelo.

Msika ndi chiwaya

Dzuwa likakwera, ulendo umachoka kumchenga kulowera kumsika wa m'mbali mwa msewu wochokera ku Salima. Kumeneku kuli tomato, anyezi, tsabola wa kambuzi wonunkhira, therere, nyemba, ndi mpunga wogulitsidwa pa mbale, wina wolimidwa ku Lifuwu, kumpoto kwa gombeli, kumene kuli sikimu ya mpunga ndi malo a kafukufuku wa mbewuyi. Zipatso zimayendera nyengo. Mango amachuluka kuyambira Novembala mpaka Januwale moti ambiri amangoolera pansi, ngakhale kuti kampani ya Malawi Mangoes inamanga fakitale yake m'boma lomweli. M'chilimwe mumabwera malambe, bwemba ndi masau.

Zokazinga ndi zootcha n'zimene zimayenerera kwambiri ulendo woyenda, chifukwa zimadyeka munthu ali chiimire. Zitumbuwa za nthochi ndi ufa wa chimanga, mandasi, chigumu, chinangwa chokazinga, mbatata yootcha ndi chimanga chootcha zonse zimagulidwa ndi ndalama yochepa. Mfumu ya zonsezi ndi chiwaya. Tchipisi chimakazingidwa pakati pa chitsulo chachikulu chophwatalala, n'kukankhidwira m'mbali kuti mafuta atsike, ndipo ogula amaima mozungulira, aliyense ndi kamulu kake, kuthira mchere, tsabola ndi kabichi wodula. Pafupi pamakhala kanyenya wa mbuzi. Pachiwaya pamakumana msilikali wa ku Parachute Battalion, wakabaza, mphunzitsi ndi msodzi, ndipo nkhani za mpira ndi za ndale zimakambidwa momasuka kuposa m'chipinda chilichonse cha msonkhano.

Chipembedzo chimakhudza zimene zikugulitsidwa. Popeza Asilamu ndi ambiri m'derali, mbuzi ndi nkhuku zimazingidwa motsata malamulo a Chisilamu kuti aliyense adye, ndipo nyama ya nkhumba siyalidwa poyera pamodzi ndi zina. M'mwezi wa Ramadan ophika ena satsegula masana, koma madzulo kumakhala zakudya zambiri zomasulira swaumu. Alendo nawo amabwera ndi malamulo awo: a mpingo wa Seventh-day Adventist sadya nsomba zopanda mamba, choncho kampango ndi mlamba sizingaikidwe pa mbale yawo. Kufunsiratu zoterezi ulendo usanayambe ndi mbali ya ntchito.

Nsima pakhomo

Chimake cha ulendo ndi chakudya chamasana pakhomo la banja limene lagwirizana ndi wotsogolera. Nsomba imene inagulidwa padooko m'mawa imaphikidwa ndi tomato ndi anyezi, kapena kung'ambidwa n'kuotchedwa pamakala. Pambali pamakhala nkhwani wotendera, chigwada kapena bonongwe. Mlendo amaona mmene phala limakhwimira kukhala nsima, amayesa kugwira mthiko, ndipo amazindikira msanga kuti kuvundula mphika wa banja lonse kumafuna mphamvu ndi luso. Pakhomo la Atonga angapeze kondowole, nsima ya ufa wa chinangwa, yonanda ndi yolemera m'mimba, imene imayenda bwino ndi usipa wauwisi wophika.

Mwambo wa pa chakudya umaphunzitsidwa pomwepo: kusamba m'manja mothiriridwa madzi, akulu kuyamba, kutema mbamu ndi kuiumba m'dzanja, ndi kusanyoza mutu wa nsomba, umene kunyanja ambiri amati ndiko kuli kukoma konse.

Zakumwa

Mbali ya zakumwa imayamba ndi zosaledzeretsa, zimene aliyense angamwe. Thobwa amaphika ndi ufa wa chimanga n'kuthiramo chimera cha mawere kapena cha chimanga chomwe, ndipo akagona usiku umodzi amatsekemera ndi kuwawasa pang'ono. Malambe amaviikidwa m'madzi, kusefedwa n'kuthiridwa shuga, ndipo ena amawaumitsa mufiriji m'timapepala kuti ana agule pa kutentha kwa Okutobala. Bwemba naye amatulutsa chakumwa chowawasa chothetsa ludzu.

Thobwa yemweyo akasiyidwa masiku angapo n'kuwonjezeredwa chimera amasanduka mowa wamasese. Chibuku ndi masese ofululidwa kufakitale, ogulitsidwa m'mapaketi amene womwa amayamba wagwedeza. Kachasu amatchezedwa m'midzi kuchokera ku madeya ndi shuga, nthawi zina ndi zipatso monga masau. Kuona mmene amatchezera, nthunzi ikudutsa mumpope wozizidwa ndi madzi n'kumadontha m'botolo, n'kophunzitsa. Kumwetsa mlendo ndi nkhani ina. Ukali wa kachasu suyezedwa, umasiyana botolo ndi botolo, ndipo wotsogolera wosamala sauika pa ndandanda ya zolawa. Kuwonongeka kwa achinyamata ndi mowa waukali wotchipa, kumene kunachititsa boma kuletsa mowa wa m'masacheti, kukuonekabe m'madooko, kumene mnyamata amalandira ndalama ya usiku wonse m'mawa n'kuimaliza dzuwa lisanapendeke.

Mowa wa m'mabotolo uli ndi mbiri yake. Fakitale ya Carlsberg imene inatsegulidwa ku Blantyre mu 1968 inali yoyamba ya kampaniyo kunja kwa Denmark, ndipo mu 2016 inagulidwa ndi kampani ya Castel. Mpaka lero womwa amangoti "Green" ndipo wogulitsa amadziwa.

Chakumwa chosakaniza chimene Malawi amadziwika nacho ndi Malawi Gin wothira tonic, ayezi ndi kachidutswa ka ndimu, chimene alendo amachitchula mwachidule kuti MGT. Kusakaniza jini ndi tonic kunayamba ndi Angerezi ku India m'zaka za m'ma 1800. Iwo ankamwa kwinini podziteteza ku malungo, ndipo pofuna kuphimba kuwawa kwake ankamuthira shuga, madzi a gasi ndi jini. Tonic wa masiku ano ali ndi kwinini wochepa kwambiri moti sangateteze munthu ku malungo, ndipo mlendo wogona kunyanja ayenera kugona m'neti ngakhale atamwa matambula angati. M'mabala a mahotela a ku Senga Bay ndimo ulendo umathera madzulo. Mwayi umene sunagwiritsidwe ntchito mokwanira ndi wa zipatso za m'deramo. Malambe, bwemba, mango ndi ndimu zimasakanizika bwino ndi jini, ndipo popanda jiniyo zimapereka chakumwa chaulemu kwa Msilamu, kwa woyendetsa galimoto ndi kwa mwana. Malamulo a dziko salola kugulitsa mowa kwa munthu wosakwana zaka 18, ndipo kudutsa ndi botolo m'manja pakhomo la mzikiti kapena pakati pa mudzi n'kusalemekeza eni malo.

Ukhondo

Palibe chimene chingaphe ntchitoyi msanga kuposa mlendo kudwala m'mimba. Mliri wa kolera umene unayamba mu Malichi 2022 n'kupitirira mpaka 2023 unali woopsa kuposa ina yonse m'mbiri ya dziko lino. Unapha anthu oposa 1,700, ndipo maboma a m'mbali mwa nyanja, kuphatikizapo Salima, anakhudzidwa kwambiri. Makhonsolo ena analetsa kugulitsa zakudya zophikaphika m'misewu, ndipo mabanja odalira geniyi anavutika. Madooko ambiri ali ndi anthu ochuluka koma zimbudzi zochepa, ndipo madzi a m'mbali mwa nyanja amagwiritsidwa ntchito posamba, pochapa ndi potsuka nsomba.

Malamulo a ukhondo pa ulendo wotere ndi achidule. Chakudya chilawidwe chili chamoto, chochokera pamoto pomwepo. Thobwa, madzi a malambe ndi ayezi zikonzedwe ndi madzi owiritsa kapena othira mankhwala. Kabichi wosaphika wa pachiwaya ndi wokayikitsa kwa mimba yosazolowera. Sopo ndi madzi osamba m'manja ziyende ndi gulu. Ndipo mlendo wofuna kulowa m'madzi padooko auzidwe za likodzo, limene limapezeka m'malo a madzi odekha okhala ndi udzu ndi nkhono.

Wotsogolera ndi kagawidwe ka ndalama

Chimene mlendo amalipira pa ulendo wotere si chakudya kwenikweni, pakuti zitumbuwa ndi usipa angagule yekha. Amalipira nzeru za wotsogolera ndi ubale wake ndi anthu a m'mudzi. Mnyamata wobadwira kwa Maganga amadziwa mayina a nsomba, amadziwa mayi amene thobwa wake ndi waukhondo, amadziwa tsiku limene kuli maliro ndipo gulu siliyenera kudutsa njira yakutiyakuti. Chimene ambiri amasowa ndi maphunziro a kasamalidwe ka alendo, a ukhondo wa chakudya ndi a kawerengedwe ka mtengo. Sukulu ya Malawi Institute of Tourism imaphunzitsa za ntchito zokopa alendo, koma achinyamata ambiri a kugombe sangakwanitse kukafikako, choncho maphunziro afupiafupi ochitikira ku Salima komweko ndiwo angawathandize. Vuto lina ndi kulimbirana alendo pachipata cha hotela, kumene kumatopetsa mlendo ndi kugwetsa mitengo. Kumene otsogolera alendo anapanga bungwe n'kumalandira alendo mosinthana, monga amachitira a ku phiri la Mulanje, ntchito imayenda mwadongosolo ndipo mlendo amadziwa kokadandaula.

Masomphenya a Malawi 2063 amaika zokopa alendo pakati pa ntchito zotukula dziko, ndipo Salima pamodzi ndi Chipoka ali pa mndandanda wa malo ofuna kukwezedwa kukhala mizinda. Mahotela atsopano akumangidwa, ndipo mipanda yawo ikuchepetsa njira zimene anthu a m'midzi amadzera popita kunyanja. Boma la Salima linali ndi anthu pafupifupi 478,000 pa kalembera wa 2018, ndipo ochepa okha mwa iwo ndi amene angalembedwe ntchito m'hotela. Ulendo wolawa zakudya ndi imodzi mwa njira zochepa zimene ndalama ya mlendo ingatulukire pachipata n'kufika m'manja mwa wokazinga zitumbuwa, wofutsa usipa ndi wophika nsima, popanda iwo kusiya ntchito imene akuidziwa kale.

Zimenezi sizichitika zokha. Kawirikawiri hotela imatenga gawo lalikulu, wotsogolera n'kutenga lotsatira, ndipo mayi amene waphika, watsuka mbale ndi kujambulidwa amangopatsidwa mtengo wa ufa ndi nkhuni. Khonsolo ya Salima, eni mahotela, mafumu ndi makomiti a m'madooko ayenera kukhala pansi n'kuika mitengo yodziwika kwa onse. Wophika aliyense agwirizane ndi wotsogolera za malipiro ake ulendo usanayambe, ndipo alipidwe tsiku lomwelo ndalama yonse, ngakhale alendo atabwera ochepa kuposa amene anawaphikira.